Mmene Ndinaipitsira Dzina la Luziya mu Sala ya Kanema

Azibambo ndi achimwene anga a kuno ku Itepela, zikomo pondipatsa malo. Ndaona kuti ena mwandizindikira kale. Inde, ndine Jeremiya, amene ndinkamasulira kanema mu sala, nyumba yoonetseramo kanema ija ya a Saide ku Mandimba. Ena a inu munakhalapo pa mabenchi aja n'kumaseka. Lero sindinabwere ndi zoseketsa.

Mkazi wanga Luziya anamwalira zaka zinayi zapitazo. Amayi amene akhala panjawo akumukumbukira, chifukwa ndi iye amene ankabwera pa njinga kudzayeza ana pa sikelo ndi kuwabaya katemera. Anasiya mwana wamkazi, Marita, amene akukulira kwa amalume ake ku Cuamba. Mwana ameneyo sadziwa kuti ndine bambo wake. Alamu anga a Domingu, amalume akewo, anandiuza kuti sadzamuuza kufikira nditayenda m'midzi yonse imene mlongo wawo ankagwiramo ntchito, n'kunena ndi pakamwa panga zimene ndinachita. Mudzi uno ndi womaliza.

Ndinabadwira m'boma lathu lomwe lino la Ngauma. Nkhondo itakula tinathawira ku Malawi ndili mnyamata, monga ambiri a inu. Kumeneko sukulu inandikonda, ndipo ndinafika mpaka ku koleji ya aphunzitsi. Mtendere utabwera ndinabwerera ndi setifiketi yokulungidwa bwino mu pulasitiki, ndikudziwa kuti dziko likumangidwanso ndipo lidzafuna anthu ngati ine. Kalaliki amene ndinamuonetsa pepalalo analitembenuza kawiri, n'kundibwezera mwaulemu. Anati kuno ana amaphunzira m'Chipwitikizi. Ine ndinali ndi Chingerezi chodzaza mutu, Chipwitikizi chopatsira moni basi.

Luziya ndinakumana naye ku postu, kachipatala ka ku Mandimba, nditaperekeza amayi anga. Anabadwira ku Cuamba, bambo ake ankagwira ntchito ya njanji. Ankalankhula Chinyanja, Chiyao, Chimakuwa ndi Chipwitikizi, n'kumasintha ngati munthu wosintha phewa posenza katundu. Tsiku limenelo ndi iye amene anandiuza zimene dokotala ankanena. Tinakwatirana chaka chisanathe. Iye ankadzuka m'mawa ndi kopita. Ine ndinalibe.

Kenako a Saide, wamalonda wa pamsika, anabwera ndi wailesi ya kanema, makaseti ndi jeradori yopangira magetsi. Anamanga sala ya udzu, n'kuikuta ndi mapulasitiki akuda kuti mukhale mdima masana, poti anthu ochokera kutali ankafuna kubwerera dzuwa lisanalowe. Vuto linali limodzi: anthu a m'kanemawo ankalankhula zilankhulo zimene panalibe wozimva. Ena ankalankhula Chingerezi, ena zakwawo koma mawu a Chingerezi atalembedwa m'munsi. A Saide anandipeza ndili pa khonde.

“Achimwene, Chingerezi chanucho chikuwola. Bwerani muzichigulitsa chisananunkhe.”

Ndinkaima pambali pa kanemayo n'kumauza anthu zimene zikunenedwa. Anandipatsa dzina loti Profesori. Kwa nthawi yoyamba chibwerere, anthu ankakhala chete ine ndikalankhula.

Makaseti anali ochepa, choncho kanema mmodzi ndinkamuonera mobwerezabwereza mpaka kumuloweza. Ambiri anali a chikondi, ndipo ankayenda njira imodzi. Mwamuna sapepesa. Akakayikira mkazi wake safunsa, amangoyang'ana kukhoma nsagwada zitalimba. Mkazi amachoka akulira. Mwamuna samutsatira. Pamapeto pake mkazi amabwerera n'kugwada. Ndipo mkaziyo akadwala, mwamuna amadikira mpaka mphindi yomaliza, n'kuthamanga pamvula, n'kufika nthawi ilipo. Mkazi amatsegula maso. Nthawi zonse amatsegula maso.

Ndinali munthu wophunzira. Mukadandifunsa ndikadakuuzani kuti izi ndi sewero chabe. Koma chinthu chimene ukuchilankhula ndi pakamwa pako tsiku lililonse chimapeza pogona mkati mwako.

Shefe wa Luziya, bwana wake ku postu, anali a Kasimiro, bambo wa imvi, wa zidzukulu. Njira ikakhala ya matope ankamutula pakhomo pathu pa mota yawo, njinga yamoto. Ankatsanzikana m'Chipwitikizi, ndipo nthawi zina ankaseka.

“Mumaseka chiyani?” ndinamufunsa Luziya tsiku lina.

“Palibe, bambo. Amanena za mbuzi imene inadya makadi a ana ku Mitande.”

“Mbuzi ya m'Chipwitikizi imaseketsa chonchi?”

“Mukufuna ndikufotokozereni bwinobwino?”

“Sindikufuna womasulira m'nyumba mwanga.”

Ndikanangomulola, azibambo. Koma kufunsa kunali kuvomera kuti sindikumva, ndipo ine ndinali Profesori.

Bodza loyamba ndinalinena Lachitatu lina masana. Mkazi wa m'kanema ankapempha mwamuna wake kuti apite kwinakwake. Ine, m'malo monena zimene ananena, ndinasintha mawu n'kuwapyapyalitsa ngati a mkazi. Ndinati, “Ndiloleni bambo, ndikupita ku Itepela kukayeza ana.” Sala yonse inagwa ndi phwete. Wina anamenya benchi mpaka inathyoka. Aliyense ankadziwa mkazi mmodzi yekha wa ku Mandimba amene ankapita ku Itepela kukayeza ana.

Kuchokera pamenepo mkazi aliyense wa m'kanema anali Mayi Sikelo. Akalowa m'galimoto ya mwamuna, ndinkati wakwera mota ya shefe. Akalira, ndinkati wagwidwa. Ndinapeka mawu amene anthu anawakonda kuposa onse: “Mkazi wa pa njinga, mwamuna wake ndi msewu.” Anthu ankabwera kuchokera ku Ngauma wapansi kudzamva Mayi Sikelo achita chiyani sabata ino. Dzina lake lenileni sindinalitchulepo, ndipo ndinkadzitonthoza ndi zimenezo. Ana anayamba kumuimba akadutsa pamsika. Azibambo ena a mudzi uno munaletsa akazi anu kupita ndi ana kusikelo, kuti angawaphunzitse makhalidwe. Sindikukuimbani mlandu. Munamva kwa mwamuna wake.

Tsiku lina ndili mkati momasulira ndinaona pulasitiki ya pakhomo yatseguka pang'ono. Anali Luziya, ali ndi mimba ya miyezi isanu ndi iwiri. Anaima mpaka kanema kutha. Ine sindinasiye. Ndinaonjeza.

Kunyumba ndinamupeza akupinda zovala.

“Bambo, mayi wa m'kanema uja ananenadi zimene inu mumanena?”

“Umamva Chingerezi iwe?”

“Sindimva. Koma nkhope yake ndinaiona. Ankachita mantha.”

Anapinda chovala china n'kufunsanso.

“Ndiye mimba iyi mukuti ndi ya ndani?”

Ndinkadziwa kuti ndi yanga. Sindinakayikepo ngakhale tsiku limodzi, ndipo ndikufuna mumve zimenezo. Chimene chinkandidya si chakuti ali ndi mwamuna wina. Chinali chakuti iye ankafunika ndi anthu, ine ayi. Koma ndinatembenuka n'kuyang'ana kukhoma, nsagwada zitalimba, monga amachitira amuna aja. Ndinkadziona ndikuoneka bwino.

M'mawa mwake anakwera lole yopita ku Cuamba, kwa amayi ake. Sindinamuperekeze. Ndinkadziwa mmene nkhani zotere zimathera: amabwerera, n'kugwada.

Patapita miyezi iwiri, woyendetsa lole anandipeza pa sala. Anati Luziya wabereka mwana wamkazi, koma wataya magazi ambiri ndipo thupi likutentha. Anati akundiitana. A Saide anali pomwepo akuthira mafuta mu jeradori.

“Profesori, kwerani lole yomweyi. Kanema adikira.”

“Adziwe kaye kuti mwamuna ndi ndani,” ndinatero.

A Saide anapitiriza kuthira mafuta.

Tsiku lachiwiri kunabwera kalata ya a Domingu, ya mizere iwiri. Ndinaiwerenga n'kuiika m'thumba, ndipo masanawo ndinamasulira kanema bwino kwambiri. Tsiku lachitatu ndinachapa malaya, n'kuwasita, n'kukwera lole. Msewu wonse wa ku Cuamba, m'fumbi ndi m'maenje aja, ndinkakonza zokanena. Ndinali nditasankha kumukhululukira. Ndinkaganizira poti ndikaime, ndi mmene ndikagwirire dzanja lake.

Ndinafika dzuwa litapendeka. Pakhomo pa apongozi anga panali beseni la madzi, ndipo anthu ankasamba m'manja pochokera kumanda.

Apongozi anga sanandilankhule. A Domingu anabwera pa mpanda, makasu akadali ndi dothi kumbuyo kwawo.

“Wakuitanani masiku awiri,” anatero. “Tsiku lachitatu anasiya. Kanema watha, alamu. Bwererani.”

Sindikunena kuti ndikadamuchiritsa. Si ine dokotala, ndipo amene ankamusamalira anachita zimene akadatha. Ndikunena kuti anamwalira akudziwa kuti uthenga unandifika.

Mwana sanandionetse. Mukudziwa mwambo wathu: mwana ndi wa kuchikazi, ndipo bambo amalowa pakhomo ndi khalidwe lake. Ine ndinalibe choloweramo.

Zotsatira zake ndinena mwachangu. Ndinayamba kachasu. Ndinagulitsa njinga ya Luziya, mabuku anga a ku koleji, kenako malata a nyumba. Ndinkagona pamsika, pansi pa matebulo ogulitsirapo nsomba. Koma ku sala sindinkajomba, ndipo nditaledzera ndinkaseketsa koposa. Mayi Sikelo sindinkawatchulanso, koma akazi a m'kanema ndinkawatukwana mofanana. Anthu anachuluka mpaka a Saide anakulitsa sala. Zinatenga zaka pafupifupi ziwiri.

Tsopano ndiloleni ndichedwe pang'ono.

Linali tsiku la msika, dzuwa lisanafike pamutu. Ndinali nditakhala pa mwala pafupi ndi ogulitsa nyemba, ndikudikira kuti matsire athe. Ndinamva phokoso, anthu akuthamangira mbali imodzi. Ndinapita, poti ndinalibe china chochita.

Pakati pa anthuwo panali Bonifasi, kalipentala, munthu wa benchi yakutsogolo amene sankaphonya kanema. Anali atagwira mkazi wake pa kapulana, chitenje chimene anavala, n'kumamukoka. Mkaziyo ankachita malonda a tomato, ndipo m'mawa umenewo anali atapita pa njinga kukapikula ku Mitande n'kuchedwa kubwerera. Njinga inali pansi, gudumu likuzungulirabe. Tomato anali mbwee m'fumbi. Kumsana kwa mkaziyo kunali mwana, akulira.

Bonifasi anamumenya khofi kukamwa. Kenako anaima mowongoka, n'kuyang'ana anthu, n'kunena mokweza:

“Mkazi wa pa njinga, mwamuna wake ndi msewu!”

Sanangonena mawu anga. Anawanena ndi liwu langa. Anapuma pamene ine ndinkapuma, n'kukweza pamene ine ndinkakweza, ngakhale dzanja analiika m'chiuno ngati ine. Ndipo anthu anaseka. Kunali kuseka komwe kuja kwa mu sala, koma kopanda mdima, dzuwa likuwala pa mano a aliyense.

Wina anandiona. “Profesori ali pano! Profesori, masulirani!”

Anthu anapatuka kundipatsa njira, ngati ndikupita kukaima pamalo anga. Ndinapezeka ndili kutsogolo. Mayi uja sankalira. Magazi ankatsika pa chibwano n'kudontha pa dzanja la mwana limene linazungulira khosi lake. Sanayang'ane mwamuna wake. Anayang'ana ine.

“Bambo,” anatero, osakweza mawu, “wanu munamaliza naye. Tsopano mwayamba ife?”

Palibe amene anaseka. Ndinamva nkhuku ikulira mu dengu la munthu wina. Ndinamva gudumu lija likuima.

Bonifasi anakwezanso dzanja, ndipo ndinaligwira. Ndinalibe mphamvu, akadafuna akadandigwetsa ndi chala. Anangondiyang'ana modabwa, ngati mwana amene wamenyedwa atayankha bwino m'kalasi.

“Profesori, si inu munatiphunzitsa?”

Ndinagwada m'fumbimo n'kuyamba kutola tomato. Sindinadziwe china chochita. Mayi uja anandilanda dengu lake limene ndinkaikamo n'kunena kuti nditaye, ndawadetsa.

Masana amenewo sindinamwe. Ndinapempha a Saide kuti aike kaseti ija ya bodza langa loyamba. Itafika pamalo paja, ndinawerenga zimene zinalembedwa m'munsi, osaonjeza, osachotsa. Mkaziyo ankati amayi ake akudwala, ndipo akupempha kuti akawaone. Mwamuna atakhala chete, mkaziyo anati akumuopa. Anati sakudziwa chimene analakwa, ndipo akufuna amuuze. Kanema ameneyo ndinali nditamuonera kosawerengeka. Tsiku limenelo ndi limene ndinamva kuti mkaziyo ankanena chiyani.

“Thiranimo mchere, Profesori!” wina anakuwa.

“Ameneyu lero wamwa tiyi!”

Ndinauza a Saide kuti aimitse. Ndinaima patsogolo pa kanemayo n'kunena kuti Mayi Sikelo anali Luziya, mkazi wanga, ndipo zonse zimene ndinanena za iye ndinapeka. Ena anatuluka. Ena anafuna kuti kanema apitirire. A Saide anandiperekeza pakhomo.

“Achimwene, zoona sizidzaza mabenchi,” anatero. “Koma pitani. Munachedwa kale.”

Kubwerera mwakale sikunali ndi nyimbo ngati m'kanema. Choyamba ndinachoka ku Mandimba, chifukwa kumeneko aliyense wophika kachasu ankandidziwa dzina. Ndinapita kwa atsibweni anga ku Mitande n'kulima nawo chimanga ndi chinangwa dzinja lonse. Masabata oyamba ndinkasanza ndi kuona zinthu zoyenda pakhoma. Ndinabwerera ku kachasu kawiri. Kachiwiriko atsibweni anga sanandikalipire, anangondipatsa khasu m'mawa ngati kale.

Kenako ndinalowa sukulu ya akuluakulu kukaphunzira Chipwitikizi. Ndinkakhala pa mphasa ndi amayi a pamsika, ena a iwo omwe ndinkawatukwana. Mphunzitsi anali mtsikana wamng'ono kwa ine. Mawu oyamba amene ndinamupempha kuti andiphunzitse ndi akuti, sindinamve, bwerezani. Sanandiphe. Chinthu chimene ndinachiopa mpaka kutaya mkazi chinanditengera miyezi yochepa chabe. Pano ndikuphunzitsa ana ku Mitande.

Ndinapita kwa a Kasimiro kukapepesa. Anandimvetsera ali chiimire.

“Pepani wanuyo mukapereke kumanda,” anatero, n'kutseka chitseko.

Ku Cuamba ndinapita katatu n'kubwezedwa pa mpanda. Ulendo wachinayi a Domingu anatuluka atavala zovala zawo za ku njanji, n'kukhala nane pa chitsa kunja. Marita ankasewera m'bwalo ndi zitini. Anandiyang'ana monga mwana amayang'anira wogulitsa makala.

“Dzina la mlongo wanga munalidetsa pagulu,” anatero a Domingu. “Simudzalichapira kuseri kwa nyumba yanga. Mukayende monse mmene ankayenda. Mukamaliza, tidzaona.”

Maina a midziyo anandilembera ndi a Kasimiro omwe aja, osandiyang'ana kumaso. Ndayenda wapansi, poti njinga ndinagulitsa. Kwina anandimvetsera. Kwina anandithamangitsa ndisanamalize, ndipo ndinabwererako.

Kwa inu amene muli ndi akazi kunyumba, ndilibe zambiri. Kanema sindikumuimba mlandu. Iye ankaonetsa amuna ouma mtima, inde, koma akazi aja ankalankhulanso, ndipo amene ankatseka mawu awo ndi ine. Dziyang'aneni nokha. Ngati pobwerera kunyumba mumakonza m'njira mawu oti mukamulase nawo, ngati mumakhala chete kuti avutike, ngati mumaseketsa anzanu ndi dzina lake, muli pa msewu umene ndinadutsa. Ambirife tinabwerera kuno tili ndi manja okha, ndipo akazi athu ena anapeza poima ife tisanapeze. Zimawawa, ndikudziwa. Muuzeni kuti zikuwawa. Ine ndinasankha kumuchepetsa kuti tifanane msinkhu, ndipo tsopano ali pansi pa dothi ku Cuamba.

Sabata yatha, m'mudzi umene ndinali ndisanabwere kuno, ndili mkati molankhula ndinaona a Domingu atakhala kumbuyo. Sanandiuze kuti abwera. Nditamaliza anadikira anthu abalalike.

“Mukamaliza ku Itepela, Loweruka mubwere,” anatero. “Ndidzamuuza inu mulipo. Koma mwanayu amafunsa. Akadziwa kuti ndinu bambo wake adzakufunsani kuti amayi ake anali otani, ankanena chiyani. Ine ndidzakhala pomwepo ndikumvetsera.”

Chichokere pamenepo ndakhala ndikufufuza m'mutu mwanga. Mawu a amuna a m'kanema ndikuwakumbukira onse. A Luziya ndili nawo ochepa, ndipo ambiri mwa iwo ndi mafunso amene sindinayankhe. Mwana wa zaka zinayi sindingamupatse amenewo.

Ndathera pamenepa, azibambo. Koma amayi amene muli panjapo, inu amene munamupatsa ana anu kuti awakweze pa sikelo, ndikupempheni chinthu chimodzi. Ndikhala pansi pa mtengo wa mango uwo mpaka madzulo, ndili ndi kope ndi cholembera. Amene angafune abwere andiuze zimene Luziya ankanena akafika kuno, ngakhale zazing'ono, ngakhale zoseketsa. Ndilemba monga mwanenera.